Musanagule mswachi wamagetsi, yambani mwafunsa za timitu take

Mswachi wanga woyamba wamagetsi unagwira ntchito sabata imodzi yokha. Anandibweretsera ndi alamu anga pochokera ku America nthawi ya Khirisimasi, uli m'bokosi lonyezimira loti nanenso ndinachita kulisunga. Pulagi ya tchaja yake inali ya timano tiwiri taphanthiphanthi, ndiye ndinathamangira m'tauni kukagula adaputa. Madzulo ake ndinalumikiza pa soketi ya pabalaza kunyumba kwathu ku Chibavi, n'kukhala pansi kumadya nsima. Tisanasambe m'manja tinamva kafungo ka pulasitiki wopserera. Nditatembenuza tchaja ija ndinapeza kunsi kwake kuli timalemba tating'ono: 110-130V. Magetsi athu kuno ndi a 230V, ndipo adaputa imangosintha maonekedwe a mabowo, mphamvu ya magetsi siyiyikhudza. Mswachiwo unalira ndi moto umene unabwera nawo kwa masiku 7, kenako zii.

Wachiwiri ndinagula ndekha m'tauni momwemo, wotchipa, uli ndi timitu tiwiri ta ubweya tosinthira m'bokosi. Patatha miyezi 6 ndinazungulira masitolo ndi kamutu kakutha kali m'thumba la malaya, ndipo aliyense ankangokayang'ana n'kupukusa mutu. Mpaka lero mswachi umenewo uli m'dilowa limodzi ndi mafoni akufa. Wachitatu ndi umene ndili nawo chaka chachitatu tsopano, ndipo zimene ndalemba apazi ndi mmene ndinausankhira nditapsa kawiri.

Choyamba: kodi mukuufunadi?

Funso limeneli ogulitsa sangakufunseni. Mu 2014 bungwe la Cochrane, lounika kafukufuku wa zaumoyo, linaunika pamodzi zotsatira za kafukufuku 56 woyerekeza mswachi wamagetsi ndi wamanja. Linapeza kuti pakatha miyezi yoposa 3, wamagetsi umachepetsa ndi 21 peresenti litsiro lonanda lija limene mumalimva ndi lilime m'mano m'mawa, lomwe madokotala amati plaque, komanso umachepetsa kutupa kwa nkhama ndi 11 peresenti. Phindu lilipo ndithu, koma si lodumphira nalo m'mwamba. Munthu wotsuka mano mofatsa kawiri pa tsiku ndi mswachi wamba wofewa, kwa mphindi 2 zathunthu, ali pabwino kuposa mnzake wokhala ndi wamagetsi wokwera mtengo koma wa kamutu ka chaka chatha.

Vuto ndi loti ambiri a ife mphindi 2 zimenezo sitizikwanitsa. Mwezi wa June kuno ku Mzuzu, utaima pakhonde ndi kapu ya madzi ozizira ngati achokera m'firiji, chifunga chili kuti ndii, umangopalapala mano akutsogolo n'kulavula. Ndinadziyesapo ndi wotchi ya pafoni: masekondi 40. Kwa anthu ngati ine, wamagetsi umathandiza chifukwa umakuwerengera nthawi, ndipo sungaunamize.

Ena amene amapindula kwambiri ndi agogo amene zala zawo zinauma ndi nyamakazi, munthu amene anadwalapo sitiroko ndipo dzanja silikugwira bwino, ana amene anaikidwa mawaya owongola mano, ndi aliyense amene amatsuka mnzake wodwala mkamwa. Ngati m'nyumba mwanu muli wotere, ndalamayo siyipita pachabe.

Chachiwiri: yambirani ku kamutu

Apa ndi pamene pagona nkhani yonse. Mswachi wamagetsi ndi zinthu ziwiri: chogwirira, momwe muli mota ndi batire, ndi kamutu kokhala ndi ubweya kamene kamazulidwa. Chogwirira chikhoza kukhala zaka zingapo. Kamutu kamafunika kusintha miyezi 3 iliyonse, kapena msanga ubweya ukayamba kugona cham'mbali ngati tsache lakutha. Ndiye kuti pa chaka mufunika timitu 4, pa zaka zitatu timitu 12. Tengani mtengo wa kamutu kamodzi, muchulukitse ka 12, muphatikize ndi mtengo wa chogwirira. Chimene chituluke ndiwo mtengo weniweni wa mswachiwo, osati umene walembedwa pa shelefu. Nthawi zambiri mupeza kuti timitu tadya ndalama zoposa chogwiriracho.

Choncho musanakhudze bokosi la mswachi, yendani kaye ngati munthu amene ali nawo kale ndipo akufuna kamutu. Lowani m'mafamase a m'tauni, m'masitolo akuluakulu a cha ku Katoto, mudutsenso ku msika wa Taifa kumene kumafikira katundu wambiri wochokera ku Tanzania. Funsani timitu topanda mswachi. Mtundu umene mwaupeza malo awiri kapena atatu osiyana, umenewo ndiwo mungauganizire. Umene ukupezeka kwa munthu mmodzi yekha, dziwani kuti tsiku limene iye adzasinthe bizinesi n'kuyamba kugulitsa nsapato, mswachi wanu udzafera pomwepo.

Ine nditalowa m'sitolo ina ndi funso limeneli, mnyamata wogulitsa anandiyankha mwachangu.

"Adada, timitu tikubwera sabata yamawa. Tengani kaye mswachiwu."

"Tikafika mudzandiuze, achimwene, ndidzagula zonse pamodzi."

Anaseka, nanenso ndinaseka. Tonse tinkadziwa kutalika kwa sabata yamawa.

Timitu sitilowerana mwachisawawa. Ka Oral-B sikangalowe pa Philips Sonicare, ndipo ngakhale m'banja limodzi muli kusiyana. Timitu tozungulira ta Oral-B takale, monga CrossAction ndi Precision Clean, timalowa pa mitundu ya Vitality, Pro ndi Genius, koma mtundu wa iO umene unatuluka mu 2020 uli ndi timitu takenso tokha, tokwera mtengo. Wachibale wa ku Joni akakufunsani kuti akutumizireni chiyani pa basi, musangoti "timitu ta mswachi". Jambulani chogwirira chanu, mujambulenso dzina ndi nambala zolembedwa kunsi kwake, mutumize pa WhatsApp. Ndipo ngati njira yanu yopezera timitu ndi yomweyo ya achibale, itanitsani paketi ya chaka chonse nthawi imodzi.

Pali timitu tina topangidwa ndi makampani ena koma tolowa pa miswachi yodziwikayi. Tina ndi tabwinobwino, tina ubweya wake ndi wokakala moti umakanda nkhama, kapena umathothoka n'kutsalira m'mano. Kuyesa kwake n'kosavuta: pakani ubweyawo kuseri kwa dzanja lanu, ndipo mukoke pang'ono ndi zala. Wabwino umakhala wofewa ndipo suzuka.

Kwa banja, nayi njira yopulumutsira ndalama imene ambiri saidziwa. Simufunika chogwirira cha munthu aliyense. Chimodzi chikwanira nyumba yonse, bola aliyense akhale ndi kamutu kake. Timitu tambiri timabwera ndi timphete ta mitundu yosiyanasiyana kapena tizizindikiro kuti musasokoneze. Kwathu kanga n'kamphete kobiriwira, ka mayi a kunyumba n'kofiira. Kamutu kokha ndiko sikabwerekanidwa, ngakhale pakati pa mwamuna ndi mkazi wake.

Chachitatu: udzadya moto wotani?

Tembenuzani tchaja muwerenge kunsi. Ikalembedwa 220-240V kapena 100-240V, ndi yoyenera kuno. Ikalembedwa 110V kapena 120V yokha, isiyeni, pokhapokha mukhale ndi thiransifoma yotsitsa magetsi, ndipo kugula thiransifoma chifukwa cha mswachi ndi kugula ng'ombe pofuna mkaka wa tiyi mmodzi.

Kenako onani pulagi. Masoketi athu ndi a mabowo atatu a makona, ofanana ndi a ku Britain. Koma chodabwitsa n'chakuti miswachi yambiri yochokera ku Britain komweko imabwera ndi pulagi ya timano tiwiri tozungulira, yopangidwira masoketi apadera a m'bafa ometera ndevu. Yochokera ku South Africa nayo kawirikawiri imakhala ya timano tiwiri. Zonsezi zimangofuna adaputa yoyenera. Chonde musachite zija zolowetsa kamtengo kapena kiyi m'bowo la pamwamba la soketi kuti pulagi ya timano tiwiri ilowe. Tonse tinachitapo, koma si nzeru.

Matchaja ali pawiri. Ena ndi kampando kamene mumakhazikapo mswachi, moto n'kumadutsa popanda zitsulo kugundana. Ndi abwino chifukwa madzi salowa, koma kampandoko kakatayika kapena kupsa, tchaja ya foni singalowe m'malo mwake. Ena ndi a chingwe cha USB, ndipo kwa ife a kuno amenewa ali ndi mwayi waukulu: magetsi akazima mumatchajira pa pawabanki, pa laputopu, pa sola ya kumudzi ngakhale m'galimoto. Mwana wa sukulu wogonera ku hositelo ya Mzuni, kumene soketi imodzi imalimbiranidwa ndi mafoni asanu ndi ketulo, asavutike n'kuganiza, atenge wa USB.

Batire nalo lifunseni. Miswachi yotsika mtengo ya makampani akuluakulu ina idakali ndi mabatire a mtundu wa NiMH, amene amatenga usiku wonse ndi kupitirira kuti adzaze, n'kutha patangopita sabata imodzi kapena kuposerapo pang'ono. Ya mabatire a lithium-ion yambiri imafika masabata awiri. Ina ya ku China imalembedwa pabokosi kuti imatha mwezi kapena miyezi. Zolemba pabokosi muzichotserako pang'ono, komabe ngakhale theka lake ndi lokwanira. Ngati kwanu ndi kumene magetsi amabwera ngati mlendo, kapena mumayendayenda ku Karonga, Rumphi ndi Nkhata Bay pa ntchito, musatsike pa masabata awiri.

Palinso mtundu wa mabatire a AA, aja a mu wailesi yaing'ono. Ndi wotchipa ndipo sufuna soketi, koma mphamvu yake ndi yochepa, imapita ikutsika batire likamatha, ndipo ina kamutu kake sikachoka. Ndi wabwino poyesera ngati kunjenjemera kwa mkamwa mungakupirire musanawononge ndalama zambiri.

Chachinayi: wozungulira kapena wonjenjemera

Pa intaneti anthu amakangana za izi ngati Bullets ndi Wanderers, koma kusiyana kwake pa mano anu si kwakukulu. Wozungulira, umene Oral-B imadziwika nawo, uli ndi kamutu kakang'ono kobulungira kamene kamapita uku ndi uku maulendo masauzande angapo pa mphindi. Umatsuka dzino limodzi limodzi, umafika bwino ku mano a kumapeto, koma umachita phokoso. M'nyumba ya lendi yopanda siling'i, aneba adzadziwa nthawi imene mwadzuka. Wonjenjemera, monga Philips Sonicare, kamutu kake n'kotalika ngati ka mswachi wamba, ndipo kamagwedezeka ka 31,000 pa mphindi. Umalira ngati udzudzu, ndipo masiku oyamba umatekenya milomo ndi mphuno moti ena amausiya.

Ngati mkamwa mwanu ndi mothina kapena mano anu ndi opanikizana, wozungulira ukuchitirani bwino. Ngati simufuna phokoso ndipo munazolowera kamutu katali, tengani wonjenjemera. Koma pakati pa awiriwa, wopambana ndi amene timitu take munatipeza m'tauni pa ulendo uja.

Chachisanu: zinthu ziwiri zoyenera kulipira

Chinthu choyamba ndi kawotchi ka mkati. Mswachi wabwino umadukiza kapena kugwedezeka mwapadera masekondi 30 aliwonse, kukuuzani kuti samukirani mbali ina ya mkamwa, ndipo pa mphindi 2 umakudziwitsani kuti mwamaliza. Mkamwa mumagawidwa panayi: kumwamba kumanja, kumwamba kumanzere, kumunsi kumanja, kumunsi kumanzere.

Chachiwiri ndi kochenjeza mukadinikiza kwambiri. Pena ndi kagetsi kofiira, pena mota imangotsika mphamvu. Ambiri tinakula tikukhulupirira kuti mano amayera ndi mphamvu, ngati mmene timakwechera mpoto wa nsima ndi mchenga. Kukwecha kotero kumabweza nkhama m'mbuyo n'kusiya tsinde la dzino pamtunda, ndiye mumayamba kumva kunyung'unya mukamwa madzi ozizira kapena tiyi wotentha. Nkhama zikabwerera sizimeranso. Sabata yanga yoyamba kagetsi kofiira kankayaka pafupifupi pa dzino lililonse, ndipo ndinachita manyazi ndi kamakina.

Zina zonse ndi zokometsera malonda: mitundu isanu kapena isanu ndi iwiri ya katsukidwe, Bluetooth yolumikiza ku foni, kasikirini kokumwetulirani, kabokosi kowala kophera tizilombo. Mudzasewera nazo masiku atatu kenako mudzangodina batani limodzi lomwelo moyo wonse. Chokhacho chimene ndingavomereze ndi katsukidwe kofatsa, kwa amene nkhama zawo sizichedwa kupweteka. Ndipo mawu oti "whitening" asakutengeni mtima. Mswachi umachotsa zothimbirira za pamwamba, za tiyi, khofi ndi fodya. Mano ofiirira kuyambira ubwana chifukwa cha madzi a m'zitsime okhala ndi mchere wa fluoride wopitirira muyeso sangayere ndi mswachi uliwonse, chifukwa mtunduwo uli m'kati mwa dzino.

Chachisanu ndi chimodzi: muli m'sitolo

Bokosi likhale lomata, ndipo kamutu kakhale m'pepala lake losatsegula. Pemphani kuti auyatse muumve kulira, ndipo aulumikize pa soketi muone kagetsi kotchaja kakuyaka. Yang'anani ngati palembedwa IPX7, kutanthauza kuti ukhoza kumira m'madzi akuya mita imodzi kwa mphindi 30 osawonongeka. Dzina la kampani likhale lolembedwa molondola, chifukwa zachinyengo zimakonda kusintha chilembo chimodzi. Tengani lisiti, ndipo funsani kuti ukafa mwezi womwewo mudzaubweza kwa ndani. Chitsimikizo cha zaka ziwiri cholembedwa pabokosi chimagwira ntchito mosavuta m'dziko limene unagulitsidwa koyamba. Kuno chimene chingakuthandizeni ndi mawu a mwini sitolo, olembedwa pa lisitilo.

Wa pa kaunjika ndikuti ayi. Batire la mswachi limamatiridwa m'kati kuti madzi asalowe, ndipo mwini wake woyamba anautaya pa chifukwa. Ukhoza kulira bwino pamsika n'kumatha moto tsiku lililonse kunyumba.

Za ana: miswachi yamagetsi ya ana yambiri imalembedwa kuti ndi ya zaka 3 kupita m'tsogolo. Wochepera apo mugulireni wamanja wofewa. Ndipo mwana asanafike zaka 7, wamkulu aziimirira pomwepo, apo ayi adzatsuka khoma ndi mphaka.

Mwafika nawo kunyumba

Utchajeni mpaka udzaze musanayambe. Ikani mankhwala otsukira mano, amene tonse timangoti Colgate kaya ndi a kampani iti, ochuluka ngati njere ya nsawawa. Onani pachubu kuti muli fluoride, mchere wolimbitsa mano, kwa akulu wa pakati pa 1,350 ndi 1,500 ppm (muyeso wa kuchuluka kwake). Lowetsani kamutu mkamwa kaye, kenako muyatse. Mukayatsira panja, malaya a kuntchito ndi galasi zidzalandira gawo lawo.

Chovuta kuzolowera n'chakuti dzanja lisagwire ntchito. Musapalepale. Ngati ndi wozungulira, khazikani kamutu pa dzino limodzi masekondi awiri kapena atatu, musunthire pa lotsatira, kunja, m'kati, ndi pamwamba potafunira. Ngati ndi wonjenjemera, upendeketseni kuti ubweya uloze pamene dzino lakumana ndi nkhama, n'kumautsetsereza pang'onopang'ono. Malo amene ambiri timawaiwala ndi kuseri kwa mano akutsogolo a m'munsi, kumene lilime limagona. Kumeneko ndiko litsiro limauma n'kusanduka ngati mwala. Likauma chotero palibe mswachi ungalichotse, limafuna kukapalidwa ndi a za mano, monga ku Mzuzu Central kapena ku chipatala china chokhala ndi mbali ya mano. Ndi bwino kukapalitsa kaye musanayambe mswachi watsopano, kuti uyambire poyera.

Mukamaliza lavulani, koma musachukuche ndi madzi. Ndikudziwa kuti izi zikumveka zachilendo, nanenso zinanditengera nthawi. Kuchukucha kumatsuka fluoride amene amayenera kutsalira pa mano kuti awalimbitse. Pa nthawi ziwiri zotsuka mano pa tsiku zija, ya usiku musanagone ndiyo yosayenera kuphonya, chifukwa m'tulo malovu amachepa ndipo tizilombo timapeza mpata.

Nkhama zikhoza kutuluka timagazi masiku oyamba, makamaka ngati zinali zotupa kale. Musasiye kutsuka pamalopo, pitirizani mofatsa. Zikapitirira masabata awiri, kapena dzino likugwedera, kaonaneni ndi a za mano. Pakati pa mano napo mswachi sufika bwino, kaya wamagetsi kaya wamanja, ndiye ulusi wa m'mano udakali ndi ntchito yake, makamaka tsiku la kanyenya ndi mango.

Chinyezi cha Mzuzu ndi mdani wina. Mukangosiya kamutu pa chogwirira osachotsa, pakatha masabata angapo mudzapeza zakuda zonanda pansi pake, pa kachitsulo kamene kamutu kamalowapo. Mukatha kutsuka, zulani kamutu, mutsukuluze m'kati mwake, mupukute kachitsuloko, ndipo muimike zonse ziwiri padera kuti ziume. Ngati bafa lanu ndi lapanja, musausiye kumeneko usiku, mphemvu zimakonda fungo la mankhwalawo. Kachivindikiro ka kamutu kotsekeratu mpweya n'ka paulendo pokha, tsiku ndi tsiku kamasunga chinyontho.

Wanga umakhala pawindo la kuchipinda, mu kapu yakale ya khofi yothyoka chogwirira, pambali pa mswachi wamanja umene ndimasungira tsiku limene ndaiwala kutchaja. Kuseri kwa chitseko cha kabati ndinalembapo ndi pensulo miyezi yosinthira kamutu: January, April, July, October. Paketi ya timitu ikatsala ndi kamodzi, ndimatumiza chithunzi chija kwa mphwanga wa ku Joni, ndipo iye amayankha ndi funso lake la nthawi zonse, loti ufa wa kondowole ndimutumizira liti.